Nyumba Isakhale Yopanda Munthu

Loko uja a Langton anabwera naye m'mawa wina dzinja litayandikira, atamukoleka pa chiwongolero cha njinga. Anali watsopano, wachikasu, ndipo njinga ikadumpha pamwala ankalira kuti ngwe! ngwe! moti Lidia anamumva asanawaone eni ake. Iye anali pakhonde, akukazinga zitumbuwa zogulitsa kwa anthu odikira matola.

"Mwadzuka bwanji, mayi a Magdalena?"

"Tadzuka bwino, kaya inu bambo?"

"Ife tadzuka ndi mitengo ya zinthu," anatero a Langton, n'kuseka okha.

A Langton ndiwo anali eni nyumbayo. Kwawo kunali ku Ntchisi, kuseri kwa mapiri, ndipo kale ankangobwera mwezi ukatha, kutenga lendi yawo ya makwacha makumi anayi, kumwa madzi, n'kubwerera. Nyumba yake sinali yoti munthu n'kuiyang'ana kawiri: zipinda ziwiri za njerwa, malata a dzimbiri, m'mbali mwa msewu wochoka pa boma la Dowa kupita ku Dzaleka. Koma matipate atabwera, ndende ya Dzaleka inasanduka malo osungirako anthu othawa nkhondo m'mayiko awo, ndipo pamsewu paja panayamba kudutsa magalimoto oyera a mabungwe. Madalaivala, makalaliki, anamwino, onsewo ankafuna nyumba ya malata. Dalaivala wina ananong'oneza a Langton kuti iye atha kulipira makwacha mazana atatu. Basi, kuyambira tsiku limenelo tulo tinawathera akuluwa.

"Ndinanena kale," anatero a Langton, akusisita loko uja ndi chala. "Mazana atatu, apo ayi mundipatse mpata."

"Mazana atatu ndiwatenga kuti, bambo? Zitumbuwa zomwezi? Simenti ya pansi tinaika ndife. Chitseko ichi tinagula ndife. Khoti linagamula kale kuti lendi isakwere, inu muli pompo."

"Khoti lake liti?" Anamwetulira. "Mayi, ine ndine mkulu wa mpingo. Sindingagwire munthu pamkono n'kumukokera panja, makamaka amuna anu aja, ndi zimene anaziona. Anthu angandinene. Ine sinditulutsa munthu. Koma tsiku limene ndidzapeze nyumba yanga ilibe munthu, ndidzaitseka kuopa akuba. Ndi mmene timachitira."

Ndi mmene ankachitiradi. Mwini nyumba wamanyazi sakuthamangitsa, amangodikira kuti upite kumaliro, pobwera upeze loko akukuyang'ana. Lidia anazionapo zimenezi zikuchitikira ena, ndipo katundu wawo ankamuwombola ndi misozi.

A Langton atawoloka msewu, m'nyumba munamveka kutsokomola, kenako mawu otsika.

"Ndamva, mayi a Magdalena. Musade nkhawa. Ine ndilipo."

Anali a Solomoni, amuna ake. Ndipo pamenepo ndiye a Langton anawerengera molakwa, chifukwa a Solomoni sankatuluka. Kale anali mphunzitsi pa sukulu ya mishoni, munthu woimba bwino, wa tayi. Tsiku lina chithunzi cha pulezidenti cha pakhoma chinagwa m'kalasi mwawo, galasi n'kusweka, wina n'kukanena kuti anachigwetsa dala. Kunabwera anthu ovala kaki, anaima pakhomo, n'kutchula dzina lawo lonse. Anakakhala ku Dzaleka mpaka Magdalena, amene anamusiya ali kumsana, anayamba sukulu. Powatulutsa anawauza kuti, "Pita, koma tikadzakufuna tidzakuitana." Mawu amenewo a Solomoni anawasunga kuposa vesi lililonse la m'Baibulo. Kuseri kwa chitseko kunkakhala bulangete lopindidwa, lomangidwa ndi chingwe cha khonje. Lidia analimasula kambirimbiri, kulichapa, kuliyala pabedi, koma m'mawa ankalipeza lili pamalo pake, lomangidwa.

Kutchalitchi sankapita, kumsika ayi, ngakhale ukwati wa Magdalena ku Madisi anangoumva. Ankakhala pawindo n'kumakonza mawayilesi a anthu, ndipo dzanja lawo linali labwino. Koma wayilesi ikachira, nthawi ya nkhani n'kukwana, ankaizimitsa msangamsanga ngati yawatentha.

Zaka zonsezi Lidia ankalira nako kusatuluka kwa amuna akeko. Tsopano taonani, matenda aja anasanduka mlonda. Ndipo a Solomoni eni ake anasintha. Anayamba kumeta ndevu m'mawa uliwonse. Ankakokera mpando pakati penipeni pa khomo, chitseko chili chotsekula, kuti aliyense wodutsa aone kuti muli munthu. Tsiku lina Lidia anawamva akung'ung'udza nyimbo ya m'buku, ndipo anaima kuseri kwa nyumba, chitenje chili pakamwa, kuopa kuti angaleke. Munthu uja anapeza ntchito.

A Langton nawo anapeza yawo. Ku Ntchisi anasiyako, n'kumagona kwa mlamu wawo pafupi pomwepo. Kutacha ankakhala pa bawo, pansi pa mtengo wa patsidya pa msewu, njinga atayedzamiritsa pathunthu, loko akulendewera poonekera. Ankasewera, kuseka, kupatsa moni odutsa, koma diso lili pakhomo paja. Kumpoto, pamwamba pa mapiri a kwawo, mitambo inkasonkhana masana alionse, yakuda bii, n'kubalalikanso osagwetsa kanthu.

Lidia anaona kuti kudikirana kotereku wotopa adzakhala iye. Anaganiza zopita kumene mlandu unagamulidwa kale, ku khoti la makolo la kudera la Msakambewa. Kwa amuna ake anati akupita ku msonkhano wa amayi a Chigwirizano, chifukwa mawu akuti khoti m'nyumba muja sankatchulidwa. Anavala ndithu yunifolomu ya Chigwirizano kuti bodza likhale ndi miyendo, ndipo njira yonse mtima unkamutsutsa.

Koma atafika anapeza zina. Khoti lija, limene amuna ankavulira chipewa ali patali, linali lotseka gwa! Pakhonde panagona mbuzi. Pawindo losweka anaona mikangala ya fodya wa chaka chatha itapachikidwa pamwamba penipeni pa mpando wa tcheyamani.

"Mukufuna ndani, mayi?" anafunsa mayi wina amene ankadutsa ndi mtolo wa nkhuni.

"Khoti."

"Iii, mwachedwa! Linapita ndi chipani chija. Akuti milandu yonse tsopano ndi kwa majisitireti."

"Nanga zimene linagamula?"

Mayiyo anangokweza mapewa, mtolo n'kugwedezeka, ulendo.

Kwa majisitireti anapeza kalaliki wachinyamata, waulemu wake, cholembera chili kukhutu. Anamvetsera nkhani yonse, n'kukanda m'mutu. Anati poti wodandaulidwayo kwawo ndi ku Ntchisi, mwina nkhaniyi ndi ya kumeneko. Lidia anakwera lole ya fodya mpaka ku Ntchisi, fumbi lili m'mano, ndipo kumeneko anamuuza mwaulemu womwewo kuti nyumba ili ku Dowa, ndiye mlandu ndi wa ku Dowa. Palibe anamukalipira, abale. Onse ankamupatsa mpando, onse ankati pepani. Kungoti nyengo imeneyo makhoti akale anali atafa, atsopano asanadziwe bwino malire a munda wawo, ndipo munthu wosauka ankangoyenda pakati ngati nkhuku yogulidwa kumene.

Atabwereranso kwa kalaliki woyamba uja, mnyamatayo anamumvera chisoni n'kutulutsa pepala.

"Chabwino, tiulembe, bwana akauone okha. Anapangana lendi ndi mwini nyumba ndani?"

"Amuna anga."

"Ndiye wodandaula ndi iwowo. Dzina?"

"Lembani langa, mwanawe."

"Sizingatheke, mayi. Dzina la bambo."

Dzina limenelo linali lisanalembedwe pa pepala la boma chichokereni kundende. Ngakhale pa voti ija, imene anthu anavina usana wonse, a Solomoni sanakalembetse. Koma Lidia anakumbukira loko uja, anakumbukira mvula ili pafupi, ndipo ananena.

"Solomoni Kamtedza."

Cholembera chinayenda.

"Koma musatume munthu kunyumba," anatero Lidia. "Ndidzabwera ndekha. Chonde, musatume munthu."

"Palibe vuto, mayi," anayankha kalaliki, maso ali kale pa munthu wotsatira.

Tsiku la mlandu kunacha kotentha, kopanda kamphepo. Lidia anavalanso yunifolomu ija. A Solomoni anali atakhala kale pampando wawo pakhomo, wayilesi ya mphunzitsi wina ili pamiyendo, matumbo ake ali panja.

"Misonkhano yachuluka chaka chino," anatero, osadzutsa mutu.

"Ndi zokonzekera Khirisimasi, bambo a Magdalena."

"Pitani bwino. Mukatipempherereko. Kuno kuli ine."

Patsidya pa msewu a Langton anakweza dzanja kumupatsa moni. Samani ya kukhoti anali atailandira, koma sanaoneke ngati munthu wokonzekera ulendo. Anangokhala pa bawo pawo, akudyera mnzawo njombwa.

Kukhoti anthu anali ambiri: wakuba mbuzi, omenyana kumowa, mkazi wofuna chithandizo cha ana. Amene ankaitana mayina anali mesenjala wachikulire, a Elifala, wovala kaki wowuma ndi sitachi, nsapato zakuda zonyezimira, mawu ngati ng'oma. Dzuwa litakwera anaima pakhomo n'kufuula.

"Solomoni Kamtedza! Solomoni Kamtedza!"

Lidia anadzidzimuka ngati dzinalo limveka mpaka kunyumba. Analowa. Majisitireti anali mwana wamng'ono, msinkhu wa Magdalena, wa magalasi, nkhope yofatsa.

"Inu si a Solomoni," anatero, anthu n'kuseka pang'ono. "Wodandaula ali kuti?"

"Sali bwino, bwana."

"Ali gone? Ali kuchipatala?"

Kunama kunyumba ndi kwina, kunama m'khoti utavala yunifolomu ya Chigwirizano ndi kwinanso. Lilime linakana.

"Ayi, bwana. Amayenda. Kungoti satuluka."

"Nanga wodandaulidwa?"

A Langton munalibe m'khotimo. Majisitireti analemba kanthu, n'kunena kuti nkhaniyi aionanso masana, ayambe wafufuza m'mabuku. Ananong'oneza kalaliki, kalaliki n'kugwedeza mutu. Sanali mnyamata uja wa cholembera kukhutu, anali wina.

Lidia anakakhala pansi pa mtengo panja. Njala sanaimve. Ankangobwereza mumtima zimene adzanene: simenti, chitseko, chigamulo chakale, zaka zonse osaphonya mwezi. Anaona ndithu kuti njinga yakuda imene inali itatsamira khoma la khoti yachoka, ndipo mayina akuitana ndi wapolisi, koma sanaziike kumutu. Chakudza sichiimba ng'oma. Kumpoto mitambo ija inali itayambanso kuunjikana, ndipo ulendo uno inkachita kugunda pansipansi.

Masana anamuitana. M'khoti munali mutatsala anthu ochepa. Majisitireti anavula magalasi n'kupukuta m'maso, mabuku awiri akuluakulu ali pambali.

"Mayi, ndawerenga dandaulo lanu, ndipo ndisakutayitseni nthawi. Mukufuna khoti lino linene lendi yoyenera ya nyumbayo. Ndafufuza, sindikupeza pamene pandipatsa mphamvu imeneyo. Akanakhala kuti mwini nyumba wakusumirani ngongole, ndikanamva. Akanakumenyani, kapena kukuswerani katundu, ndikanamva. Koma kumuuza munthu mtengo wa nyumba yake, khoti lino silingathe."

"Nanga chigamulo chakale chija, bwana?"

"Khoti limene linagamula kulibe. Mwina akuluakulu ku Lilongwe angakuuzeni zina, koma kumeneko mufunika loya."

"Ndiye ndidikire mpaka atiswere katundu, kuti mutimve?"

Mnyamatayo anayang'ana pansi. Manyazi anamugwira ndithu, sanali munthu woipa.

"Pepani, mayi. Ndikanadziwa m'mawa kuti zithera apa, sindikanavutitsa n'komwe mesenjala kuti akatenge bambo kunyumba."

"Mwati chiyani?"

"Ndinatuma a Elifala kuti akawaitane. Ndimafuna ndiwamve okha."

Lidia sanagwade, sanatsanzike. Anthu anangoona mayi wa Chigwirizano akutuluka m'khoti chothamanga, mpango uli m'manja. Matola panalibe. Anathamanga, kuyenda, kuthamanganso, mpweya ukumubaya m'nthiti. Mayo ine, mayo ine, ankangotero. Pa chitunda choyamba anakumana ndi njinga yakuda ija ikutsetsereka, a Elifala ali pamwamba. Anaigwira chiwongolero moti mkuluyo anatsala pang'ono kugwa.

"Amuna anga! Mwawatani amuna anga?"

"Aa, mayi, bwanji? Ndinu a kwa Kamtedza? Ndawapeza bwinobwino. Koma ndiye munthu waulemu, sindinaonepo! Ndangoima pakhomo n'kutchula dzina, iwo nyamu, kuima njo, manja m'mbali. Ndati, 'Mukufunika ndi boma.' Iwo ati, 'Ndamva, bwana, ndakonzeka.' Sanafunse n'komwe kuti nkhani yake ndi yotani. Ine ndinali ndi samani ina yokapereka kutsidya kwa dambo, ndiye ndati tsogolani, ndikupezani. Kodi sanafike?"

Lidia anasiya njinga ija. A Elifala anamuitana kawiri, iye osacheuka.

Ali patali analiona khomo. Mpando unali panja, utaikidwa bwinobwino pakhonde pafupi ndi mbaula yake ya zitumbuwa. Chitseko, chitseko chomwe anagula ndi ndalama zake, chinali chotseka, ndipo pamenepo panali loko wachikasu uja. M'kati wayilesi ya aphunzitsi inali itachira. Inkalankhula yokha m'nyumba yotsekedwa, mwamuna wa mawu okhuthala akuwerenga nkhani za masana, popanda woizimitsa.

A Langton anawoloka msewu pang'onopang'ono, chipewa chili m'manja ngati ofika pamaliro. Anzawo a pa bawo anaimirira chapatali.

"Mayi a Magdalena, mboni ndi awa. Ine sindinagwire munthu. Atuluka okha, masana dzuwa likuswa mtengo, chitseko n'kuchisiya pululu. Ndikanatani? Katundu wanu ali bwinobwino, tikambirana."

Anayembekezera kutukwanidwa, ndipo anali atakonzeka kuyankha mofatsa kuti anthu aone. Koma Lidia sanawayang'ane n'komwe. Anatembenukira kwa Roza, mayi wa nyumba yoyandikana nayo, amene anaima pampanda manja ali kumutu.

"Alowera kuti?"

"Ndinawaitana, amayi, ndithu ndinawaitana," anatero Roza akulira. "Ndinati boma ndi uku, bambo! Sanandimve. Anali ndi bulangete kukhwapa."

Ndipo analoza kumtunda, kumene msewu umakwera kupita ku Dzaleka.

Ndi mtunda ndithu, ndipo Lidia sakumbukira mmene anauyendera. Magalimoto oyera ankamudutsa n'kumuthira fumbi. Mphepo inayamba, yozizira, yonunkhira dothi lonyowa la kwina. Iye anali asanapondeko kumeneko chiyambire, ngakhale masiku amene ankaloledwa kukasiya chakudya ankatuma mlongo wake, chifukwa ankaopa. Tsopano anapeza malo aja ali piringupiringu: ana akuthamanga, amayi ovala nsalu zachilendo akugulitsa tomato, zinenero zosamveka mbali zonse. Nyumba zazitali zija zinali zomwezo, kungozipaka laimu.

Pafupi ndi chipata panali mzere wa anthu ofika kumene, atakhala pansi ndi mitolo yawo, kudikira kulembedwa. Kumapeto kwa mzerewo kunali a Solomoni. Anakhala mwa njira imene Lidia anali asanaionepo, chonjuta, mutu uli pansi, manja ali pamawondo. Nsapato anali atavula n'kuziika pa bulangete, lamba atamukulunga bwinobwino pamwamba pake, kuti asavutitse owalandira. Mapazi amene sanaponde msewu zaka zonsezi anali otupa, chala chimodzi chikutuluka magazi. Mayi wina wachilendo anali atawaikira nthochi pambali, koma iwo sanaikhudze.

Mlonda wa pachipata anabwera kwa Lidia.

"Ndi anu awa? Tawauza kuti kuno kulibenso ndende, koma akungoti aitanidwa. Atengeni, mayi, mvula iyi."

Lidia anagwada patsogolo pawo. Anafuna kunena zonse, za bodza la Chigwirizano, za kalaliki, za dzina limene analipereka ndi pakamwa pake, koma anangowaitana.

"Bambo a Magdalena."

A Solomoni anadzutsa mutu. Nkhope yawo inali yodekha, yodekha moopsa, ngati ya munthu amene katundu wolemera wamutsika. Kenako anamuzindikira, ndipo maso anadzaza mantha. Anayang'ana kwa mlonda, n'kunong'ona mofulumira.

"Mwadzatani kuno? Asakuoneni, angakulembeni nanunso. Akufuna ine ndekha, ndabwera ndekha, sanachite kundikoka." Anamukankha pang'ono paphewa. "Bwererani msanga, mayi. Ndasiya chitseko chosatseka, ndipo a Langton ali pa bawo. Thamangani, nyumba isakhale yopanda munthu."

Madontho oyamba anagwa, akuluakulu, akuboola fumbi. Anthu a pamzere anayamba kutola mitolo yawo kuthamangira pakhonde. Lidia anamasula chingwe cha khonje chija, anatambasula bulangete, n'kuwafunditsa amuna ake kumutu. Kenako anakhala pansi pambali pawo.